Ntchito ya mkhalapakati pa mikangano ya lendi ya nyumba ya anthu angapo: zimene imakwanitsa ndi pamene imalephera

Maloya, akatswiri owerengera ndalama ndiponso mabungwe oyanjanitsa anthu ali ndi ntchito imene amaigulitsa kwa eni nyumba amene akukangana okhaokha pa nkhani ya lendi. Nyumba yake ndi ija ili m'maina a anthu awiri kapena kuposerapo: abale amene anasiyiridwa ndi makolo, mwamuna ndi mkazi amene banja lawo latha, kapena anthu amene anasonkherana n'kugula kuti azichititsa lendi. Ndalama za lendi zikasiya kufika kwa onse, mkhalapakati amalonjeza kuti nkhaniyo aithetsa msanga, pa mtengo wotsika poyerekeza ndi kukhoti, komanso kuti mukatuluka m'chipinda mudzakhozabe kupatsana moni. Malonjezo awiri oyambawo nthawi zambiri amakwaniritsidwa. Lachitatulo limadalira anthu ake.

Tineneretu maganizo athu. Ntchitoyi ndi yoyenera kuilipira ngati mkhalapakati akuyamba ndi masamu, madandaulo n'kubwera pambuyo, ndiponso ngati akumaliza ndi chikalata chimene khoti lingakakamize munthu kuchitsatira. Amene amangokhazika anthu pansi kuti atulutse zakukhosi amawabwezera kunyumba mitima itazizira kwa sabata imodzi, ngongole ili pomwepo.

Poyesa mkhalapakati, onani ngati akuzindikira kuti mawu akuti "lendi sinalipidwe" amabisa mikangano itatu yosiyana. Pali pamene tenanti sanalipiredi, ndipo eni nyumba sakugwirizana chochita naye: wina akufuna amutulutse, wina akuti amudikire. Pali pamene tenanti analipira mokhulupirika mwezi uliwonse koma kwa mwini mmodzi, amene sanagawire anzake. Ndiye pali pamene m'nyumbamo mulibe tenanti; mmodzi wa eni akewo ndi amene akukhalamo, ndipo enawo akuti naye azilipira. Wangongole pa mikangano itatuyi ndi wosiyana, malamulo ake ndi osiyana, nthawi yosumira nayonso ndi yosiyana. Kawirikawiri iwiri kapena yonse itatu imapezeka panyumba imodzi, ndipo mkhalapakati akaisakaniza, chiwerengero chimene mungagwirizane chimakhala chongopeka.

Kayendetsedwe kake m'malo ambiri kamafanana. Choyamba amalankhula ndi aliyense payekha, mphindi 30 mpaka ola limodzi, pamaso kapena pafoni. Apa akuyenera kufunsa maina amene ali pachikalata cha umwini, ngati pali mlandu umene unalowa kale kukhoti, komanso ngati pali amene akuopa mnzake. Kenako onse amasayina mgwirizano woyambira, umene umanena za malipiro a mkhalapakati, ufulu wa aliyense wochoka nthawi ina iliyonse, ndi chinsinsi. Chinsinsi chimenechi anthu ambiri amachimva molakwika. Chimateteza zimene mwanena pokambirana, monga "ndingavomere kulipira theka", kuti zisakakhale umboni kukhoti zokambirana zikalephereka. Sichiteteza zikalata zimene zinalipo kale. Sitetimenti ya ku banki imakhalabe umboni ngakhale inaonekera koyamba patebulo la mkhalapakati.

Pambuyo pake pamakhala masabata awiri mpaka anayi osonkhanitsa mapepala, kenako tsiku la zokambirana, limene limakhala theka la tsiku kapena tsiku lathunthu. Onse amayamba m'chipinda chimodzi, kenako mbali iliyonse imalowa m'chipinda chake ndipo mkhalapakati amayendera uku ndi uku. Pa intaneti zimathekanso bwino, ndipo kwa eni amene ali m'mayiko osiyana njira ndi yomweyo.

Masabata osonkhanitsa mapepala aja ndiwo amasonyeza ngati mwapeza munthu wodziwa ntchito. Wodziwa amatumiza mndandanda womveka: chikalata cha umwini, mgwirizano wa lendi uliwonse umene unasayinidwapo, masitetimenti a akaunti imene lendi inkalowa, mauthenga a ndalama zotumizidwa pafoni, malisiti a zokonzetsa, a msonkho wa nyumba ndi a inshuwalansi, umboni wa kumene dipoziti ya tenanti ili, sitetimenti ya ngongole ya nyumba ngati ilipo, ndipo ngati mmodzi wa eni ake anamwalira, chikalata chosonyeza amene ali ndi mphamvu zoyendetsa chuma chake. Amaikanso tsiku lomaliza lotumizira, ndipo mapepalawo amapita kwa onse. Wosadziwa amangoti "bwerani ndi chilichonse chimene muli nacho". Tsiku la zokambirana limathera kusanthula envulopu ya malisiti ofufutika.

Chikalata cha umwini chiyenera kuwerengedwa mosamala chifukwa ndi chimene chimanena gawo la aliyense. M'mayiko amene malamulo awo anachokera ku England muli mitundu iwiri ya umwini wa anthu angapo. Pa joint tenancy palibe amene ali ndi gawo lakelake, ndipo mmodzi akamwalira nyumba imatsala m'manja mwa amoyo. Pa tenancy in common aliyense ali ndi gawo lodziwika, limene limapita kwa olowa m'malo mwake. Ana a mwini amene anamwalira angabwere kudzafuna lendi ya zaka za pambuyo pa malirowo pamene chikalata chikusonyeza kuti gawo la kholo lawo linatha tsiku limene anamwalira. Palinso amene amaganiza kuti poti anaponya ndalama zambiri pogula, gawo lawo ndi lalikulu basi. Pa mlandu wa Stack ndi Dowden mu 2007, khoti lalikulu la ku Britain la nthawi imeneyo, House of Lords, linanena kuti nyumba yokhalamo ikalembedwa m'maina a anthu awiri, poyambira pake ndi poti magawo ndi ofanana, ndipo amene akutsutsa ndiye ayenera kubweretsa umboni wamphamvu.

Magawo akadziwika, masamu amayamba, ndipo apa ndi pamene ntchitoyi imabweza ndalama zanu. Tiyerekeze eni atatu, wa 50 peresenti, wa 30 ndi wa 20. Lendi ndi 1,000 pamwezi, ndalama za dziko lililonse, ndipo mkangano ukukhudza miyezi 36. Wa 50 peresenti ndiye ankatolera. Awiri enawo amalowa m'chipinda akufuna theka la 36,000, kutanthauza 18,000. Masitetimenti akusonyeza kuti tenanti analipira miyezi 30 yokha, ndiye zimene zinalowa ndi 30,000. Wotolera uja analipira 4,000 pokonzetsa denga, 1,800 ya msonkho ndi 1,200 ya inshuwalansi, zonse pamodzi 7,000. Zotsala zogawana ndi 23,000: iye 11,500, wachiwiri 6,900, wachitatu 4,600. Wachiwiriyo anatumiziridwapo kale 2,000. Ngongole yeniyeni ndi 4,900 kwa wachiwiri ndi 4,600 kwa wachitatu, zonse 9,500. Miyezi 6 imene tenanti sanalipire, 6,000, si ngongole ya wotolera. Ndi ndalama za onse atatu zimene zili kwa tenanti, ndipo zikadzapezeka zidzagawidwa 3,000, 1,800 ndi 1,200.

Pakati pa 18,000 ndi 9,500 ndi pamene pamakhala chidani chonse. Ofuna ndalama amaona kuti akuberedwa 18,000, pamene wotolera, pokumbukira denga ndi maulendo othamangitsa tenanti, amadziona ngati alibe ngongole. Onse akulakwitsa, ndipo pepala limodzi lokhala ndi mizere ya mwezi ndi mwezi limawaonetsa zimenezo popanda wina kukweza mawu. Onaninso kulemera kwa lisiti limodzi. Umboni wa 4,000 ya denga ukasowa ndipo enawo akakana kuivomera, zogawana zimakwera kufika 27,000 ndipo ngongole ya wotolera imafika 11,500. Kapepala kamodzi kamudyera 2,000. Mkhalapakati wabwino salola kuti lisiti likasowa nkhani ithere pomwepo: amafunsa zithunzi za ntchitoyo, tsiku limene ndalama zinatuluka ku banki, kapena kalata ya mmisiri amene anakonza.

Zochotsera sizili zonse mulingo umodzi. Kukonza denga lodontha kapena paipi yophulika n'kuteteza nyumba ya onse, ndipo n'kovuta kukana. Kumanga chipinda chowonjezera kapena kusintha khitchini popanda kufunsa anzako ndi nkhani ina. Malamulo ambiri salola kuti uchotse ndalama zotere pa lendi mwakufuna kwako; zimawerengeredwa pa nthawi yogawana kapena yogulitsa nyumba, ndipo chimene chimayang'anidwa ndi mtengo umene ntchitoyo yawonjezera panyumbayo, osati zonse zimene unawononga. Ndime 815-13 ya Code civil, buku la malamulo a ku France okhudza nkhani za pakati pa anthu, imasiyanitsa zinthu ziwirizi momveka. Nanga thukuta la wotolera? Ku France ndime 815-12 imapatsa mwini amene akuyendetsa katundu wa onse ufulu wolandira malipiro. M'mayiko otsata malamulo a ku England nthawi zambiri salipidwa ngati panalibe pangano. Apa mkhalapakati amaposa woweruza, chifukwa angathe kuwafunsa enawo kuti ejenti akadawadula zingati pa zaka zitatuzo, ndipo anthu ambiri akaona chiwerengerocho amavomera kusiyako kanthu. Ife tikuona kuti ndi chilungamo kutero, bola wotolerayo anali kusunga mabuku.

Mkangano wachitatu uja, wa mwini amene akukhala m'nyumba, ndi umene amkhalapakati ambiri amapunthwa nawo. Anthu amaganiza kuti n'zodziwikiratu: ukukhala m'nyumba ya tonse, lipira. Malamulo akale a ku England sankatero. Mwini aliyense ali ndi ufulu wokhala m'nyumba yonse, choncho amene akukhalamo akungogwiritsa ntchito ufulu wake, ndipo amene anasankha kukakhala kwina alibe chofunsa. Lamulo la mu 1705, la nthawi ya Mfumukazi Anne, linalola mwini kusumira mnzake amene walandira zoposa gawo lake, koma pa mlandu wa Henderson ndi Eason mu 1851 khoti linamasulira kuti zimenezi zikunena ndalama zolandiridwa kwa anthu ena, monga lendi, osati phindu lokhala kapena kugwira ntchito pamalopo iwe mwini. Malipiro amabwera pamene wina watsekeredwa kunja. Kutsekera kunjako sikutanthauza kusintha maloko kokha: pa mlandu wa Dennis ndi McDonald, kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1980, mayi amene anathawa nyumba chifukwa cha nkhanza anaonedwa ngati wothamangitsidwa ndipo mwamunayo analamulidwa kulipira. Kuyambira mu 1997, lamulo la mu 1996 la Trusts of Land and Appointment of Trustees Act limapatsa makhoti a ku England ndi Wales mphamvu yolamula malipiro otere poganizira zinthu zingapo, kuphatikizapo ana amene akukhala m'nyumbamo. Ku France ndime 815-9 imanena mwachindunji kuti amene akugwiritsa ntchito yekha katundu wa onse ayenera kulipira, pokhapokha atagwirizana zina. Ku Germany malipiro amayamba kuwerengedwa pamene winayo wanena momveka kuti akufuna dongosolo latsopano, osati kuyambira tsiku limene anasamuka.

Kusiyana kumeneku kumasintha chiwerengero ndi zaka zathunthu, ndiye mkhalapakati amene sadziwa lamulo la dziko limene nyumbayo ili sangathandize aliyense kuyeza mphamvu ya mlandu wake. Funso lofunika kwambiri ndi la tsiku: ndi liti pamene wakunjayo anapempha makiyi kapena malipiro n'kukanizidwa, ndipo umboni wake uli pati? Uthenga umodzi wa pa WhatsApp wokhala ndi deti ungasunthe poyambira ndi miyezi 18. Kawerengedwe kake nakonso kamasokoneza. Ngati nyumba ingachititsidwe lendi ya 1,000 ndipo eni ndi awiri ofanana magawo, wokhalamo amalipira 500, chifukwa theka linalo ndi lake. Ngati akulipira yekha ngongole ya nyumba, msonkho ndi inshuwalansi, gawo la mnzakeyo pa zolipirazo limachotsedwa pa 500 ija, ndipo nthawi zina zimathera pa ziro kapena wakunjayo n'kupezeka kuti ndiye ali ndi ngongole. Lendi ya 1,000 yoyambirayo isachokere m'mutu mwa munthu. Pemphani kalata ya woyesa mitengo ya nyumba mmodzi amene nonse mwamuvomera, ndipo ayese chaka ndi chaka, chifukwa lendi ya lero si ya zaka zinayi zapitazo.

Akuluakulu amati mlandu suola. Wa lendi umaola, ndipo umaola mwezi ndi mwezi, chifukwa lendi ya mwezi uliwonse ili ndi wotchi yakeyake. Ku England ndime 19 ya Limitation Act 1980 imapereka zaka 6 zosumira tenanti pa lendi yotsalira. Lendi imene inayenera kulipidwa mu Januwale 2020 nthawi yake imatha mu Januwale 2026. Ku France mwini sangafune kwa mnzake zipatso za katundu wa onse zimene zadutsa zaka 5, malinga ndi ndime 815-10. Ku Germany nthawi ya masiku onse ndi zaka 3, kuwerengera kuchokera kumapeto kwa chaka. Vuto la ntchito ya mkhalapakati ndi lakuti si kulikonse kumene imaimitsa wotchi imeneyi. Ndime 2238 ya Code civil imaimitsa. Ndime 203 ya BGB, buku la malamulo a mtundu womwewo la ku Germany, imaimitsa nthawi yonse imene anthu akukambirana. Ku England wotchi imayendabe, pokhapokha mutasayina pangano lapadera loti nthawi iime. Munthu wochenjera amene ali ndi ngongole yakale angavomere zokambirana ndi nkhope yowala, n'kumasuntha tsiku kawiri katatu, mwezi uliwonse ukumuchotsera 1,000. Mkhalapakati amene sakutchula nkhani ya nthawi pa kukumana koyamba wakulakwirani, ndipo ichi ndi cholakwa chimene timachiona kukhala chachikulu kuposa zonse pa ntchitoyi, chifukwa chimapweteka amene anabwera ndi mtima woyera.

Zofooka zina ndi zachibadwa cha ntchitoyo, ndipo palibe mkhalapakati angazithetse. Alibe mphamvu yokakamiza munthu kutulutsa sitetimenti. Ngati lendi inkalandiridwa pamanja ndipo wotolera akunena kuti nyumba inakhala yopanda munthu chaka chonse pamene ena akudziwa kuti munali anthu, khoti lokha ndi limene lingaitanitse tenanti ndi mabuku a ku banki. Sangakupatseni uphungu wa zamalamulo ngakhale atakhala loya, chifukwa sali mbali yanu. Amene akubwera yekha kukakumana ndi mnzake wokhala ndi loya ayenera kuonana ndi loya wake ola limodzi tsikulo lisanafike, ndi ola lina asanasayine. Pamene pali nkhanza kapena mantha, kukhala m'zipinda zosiyana sikukwanira, ndipo wodziwa ntchito amakana kupitiriza.

Palinso nkhani ya mpando wopanda munthu. Mgwirizano umamanga okhawo amene asayina. Mwini mmodzi akasowa, kaya ali kunja, kaya ndi mwana wosakwana zaka, kaya anamwalira ndipo palibe amene anapatsidwa mphamvu zoyendetsa chuma chake, zimene enawo agwirizana zingagwe tsiku limene iye kapena womuimira adzatulukire. Kubwera m'bale wonena kuti "ndikuimira achemwali" sikukwanira popanda kalata yomupatsa mphamvu yosayina. Tenanti nayenso samangidwa ndi zimene eni nyumba agwirizana. Chimene zokambirana zingachite pa iye ndi kuthetsa kusamvana kwa eni ake: ndani alembe kalata yochenjeza, apatsidwe masiku angati, ndani asume, ndalama za loya zichokera kuti. Malamulo a amene ali ndi mawu amasiyananso. Ku France eni amene ali ndi magawo awiri mwa atatu angathe kuyendetsa zinthu za tsiku ndi tsiku, malinga ndi ndime 815-3. Ku Germany ambiri amawerengedwa potengera kukula kwa magawo, osati kuchuluka kwa mitu.

Chizolowezi chimodzi chimene sitichikonda mwa amkhalapakati ena n'chokankhira anthu pakatikati dzuwa likamalowa. Wina akufuna 18,000, wina akuti 2,000, onse atopa, ndiye akuti bwanji 10,000. Pa chitsanzo chathu chija zingaoneke ngati zayandikira choonadi, koma ndi mwayi chabe. Njira imeneyi imapindulitsa amene anayamba ndi chiwerengero chabodza kwambiri. Kusiyirana kuyenera kuyamba pamene masamu atha, pa mizere imene ikukayikitsadi, monga lisiti losowa kapena tsiku lotsutsidwa.

Chikalata chomaliza ndicho katundu amene mukugula. Chabwino chimatchula ndalama zenizeni, tsiku lolipira, ndi akaunti yolandirira. Ngati ngongole ilipidwa pang'onopang'ono, chinene kuti munthu akaphonya kamodzi n'kudutsa masiku 14, zotsala zonse zikufunika nthawi yomweyo, ndi chiwongoladzanja chotchulidwa. Njira yodalirika kuposa lonjezo ndi kudula ngongoleyo pa gawo lake la lendi ya mtsogolo: wa 50 peresenti uja akamasiya 500 yake mwezi uliwonse, 9,500 imatha pa miyezi 19 popanda kudikira kuti atulutse ndalama m'thumba. Ngati nyumba igulitsidwa, chikalata chinene kuti ngongoleyo idzachotsedwa pa gawo lake ndalama zisanagawidwe. Kumene malamulo amalola, mgwirizanowo upite kukhoti kuti usanduke chigamulo chogwirizana, kapena ulembedwe m'njira imene imalola kulanda katundu popanda kuyambanso mlandu watsopano. Mukangosayina pepala wamba, wina akaswa pangano mudzayenera kusuma, ngakhale kuti mlandu wake udzakhala wosavuta kuposa woyamba uja.

Samalani ndi ndime yonena kuti mgwirizanowu wathetsa madandaulo onse, odziwika ndi osadziwika. Imateteza wolipira, ndipo n'zomveka kuti aifune, koma ngati masitetimenti ena sanaoneke, mukuvomera kukhululukira zimene simunazione. Pemphani kuti ilembedwe motengera mapepala amene anaperekedwa, ndipo wotolera asayinire kuti palibe lendi ina imene analandira. Msonkho nawonso usaiwalike: m'mayiko ambiri mwini aliyense amayenera kuulula gawo lake la lendi, ndiye ngati wotolera analipira msonkho pa ndalama zonse kapena sanalipire n'komwe, chikalata chinene amene akonze zimenezo.

Theka lachiwiri la chikalatacho likhale la mtsogolo, apo ayi mudzabweranso chaka chamawa. Lendi izilowa mu akaunti imodzi imene onse angaione. Lipoti lizituluka miyezi itatu iliyonse. Kanthu kena, mwachitsanzo 10 peresenti, kazitsala kosungira zokonzetsa. Chilichonse choposa lendi ya mwezi umodzi chizifuna chilolezo cholembedwa cha onse, kupatula zangozi monga madzi osefukira. Ndipo pakhale khomo lotulukira. Pafupifupi kulikonse mwini mmodzi angapemphe khoti kuti katundu agawidwe kapena agulitsidwe. Ndime 815 ya Code civil imati palibe amene angakakamizidwe kukhalabe pa umwini wa pamodzi, ndipo ndime 749 ya BGB imapereka ufulu womwewo. Ku United States, lamulo lachitsanzo la Uniform Partition of Heirs Property Act la mu 2010, limene zigawo zambiri zinalitenga, limapatsa abale otsala mwayi woyamba wogula gawo la amene akufuna kutuluka. Mgwirizano wanu ungatengere nzeru yomweyo: woyesa mtengo mmodzi, masiku 90 oti otsalawo apeze ndalama, ndipo akalephera nyumba ipite pamsika. Amkhalapakati ambiri amaopa kuyambitsa nkhani yogulitsa poganiza kuti isokoneza mtendere. Ife tikuti aiyambitse, chifukwa mikangano yambiri ya lendi imachokera kwa munthu amene sakufunanso kukhala pa umwini umenewo koma sakudziwa potulukira.

Pa malipiro, ena amadula pa ola, ena pa tsiku. Funsani ngati mtengowo ukuphatikiza kuwerenga mapepala, chipinda, kulemba mgwirizano, ndi maola owonjezera, komanso zimene mungalipire wina akalephera kubwera. Nthawi zambiri mtengo umagawidwa mofanana pa mbali iliyonse, zimene zimalemera kwa wa gawo laling'ono. Kugawana potengera magawo, kapena kutenga pa lendi ya onse, n'kwachilungamo kwambiri. Posankha munthu, mufunseni kuti wagwirapo milandu ingati ya umwini wa pamodzi, ngati amakonza yekha pepala la masamu kapena amafuna wowerengera ndalama, ngati anagwirapo ntchito ndi mmodzi wa inu, ndi bungwe limene mungakadandaule akalakwitsa.

Kukana zokambirana n'kuthamangira kukhoti kulinso ndi mtengo wake. Mu 2023, pa mlandu wa Churchill ndi khonsolo ya Merthyr Tydfil, khoti la apilo la England ndi Wales linagamula kuti woweruza angaimitse mlandu n'kulamula anthu kuti ayese kaye njira zotere. Komabe pali nthawi zimene khoti liyenera kukhala loyamba: pamene nthawi yosumira yatsala miyezi yochepa, pamene wina akufuna kugulitsa kapena kukongolera nyumba mobisa, pamene mabuku akubisidwa, ndi pamene wina watsekeredwa kunja mwankhanza. Kusuma sikutseka khomo la mkhalapakati. Mungalowetse mlandu kuti wotchi iime, kenako n'kupempha kuti uyembekeze mukukambirana.

Chinthu chaching'ono chimene mautumiki ambiri amaiwala ndi kalata yopita kwa tenanti. Eni nyumba akamakangana, aliyense amauza tenanti kuti azilipira kwa iye. Mapanga awiri avumbwitsa: tenanti woona mtima amaopa kulipira kawiri n'kuyamba kusunga ndalamazo, wachinyengo amapezerapo danga losiyiratu. Miyezi 6 ija ya m'chitsanzo chathu nthawi zambiri imayamba motere. Musanachoke patebulo, lembani kalata imodzi yosayinidwa ndi eni onse, yotchula akaunti yolipirira, tsiku loyambira, dzina la munthu mmodzi amene tenanti azilankhula naye pa zokonzetsa, kumene dipoziti yake ili, ndi ndalama zotsalira mwezi ndi mwezi monga mmene mabuku anu akusonyezera, ndipo mum'patse masiku 14 oti abweretse malisiti ake ngati akutsutsa chiwerengerocho.